Kusintha IP sikungakubwezereni gemu yanu

Amene anayambitsa mphekesera yoti munthu akabanidwa (kuletsedwa kusewera) pa gemu mankhwala ake n'kusintha IP, nambala imene foni kapena kompyuta imadziwika nayo pa intaneti, wadyetsa ndalama za ana ambiri mu Blantyre muno. Ntchito yanga ndi yoika ndi kukonza manetiweki m'maofesi ndi m'nyumba za anthu, koma masiku ano pempho limene ndikulimva kwambiri si la rauta yakufa ayi. Ndi ili: "Achimwene, andibana pa PUBG, tandisinthireniko IP." Wina amafika atagula kale simukhadi yatsopano. Wina wadzaza ma VPN, mapulogalamu obisa IP kuti uzioneka ngati uli kwina, m'foni mpaka batire silikuchedwa kutha. Onsewa akadali obanidwa, koma m'mutu mwawo muli zoti sanapeze katswiri wodziwa kusintha bwino. Ndatopa nazo, ndiye ndinene pano kuti aliyense amve.

IP imene mukulimbana nayoyo si yanu, ndipo imasintha yokha inu osadziwa. Manambala a IP a mtundu wofala wotchedwa IPv4 alipo pafupifupi 4.3 biliyoni padziko lonse, ndipo nkhokwe yake yaikulu inauma mu Febuluwale 2011. Kuno ku Africa amene amagawa manambalawa ndi bungwe la AFRINIC la ku Mauritius, ndipo kampani ya mafoni singapeze okwanira kuti kasitomala aliyense akhale ndi yakeyake. Choncho imagwiritsa ntchito njira yotchedwa CGNAT, yoti anthu ambirimbiri azitulukira pa intaneti ndi nambala imodzi. Mukafuna kudzionera nokha, tsegulani data, muyang'ane IP imene foni yanu yapatsidwa. Kawirikawiri mupeza ikuyamba ndi 10, kapena ili pakati pa 100.64 ndi 100.127. Kenako fufuzani pa intaneti kuti IP yanu ndi iti. Mupeza ina. Yoyambayo ndi yam'kati mwa netiweki ya kampani, yachiwiriyo ndi imene dziko limaona, ndipo mukugawana ndi mayi wogulitsa kaunjika ku Limbe, mphunzitsi wa ku Chilomoni ndi ena amene simudzawadziwa. Ngakhale Starlink, imene inafika m'Malawi mu 2023, imachita chimodzimodzi kwa makasitomala wamba.

Zili ngati minibasi ya ku Bangwe. Nambala ya galimoto ndi imodzi, koma okwera amasintha ulendo uliwonse. Mlonda amene anakuthamangitsani pageti dzulo sangataye nthawi kulemba nambala ya minibasi imene munakwera, chifukwa akatero atsekera anthu osalakwa onse a m'galimotomo, inu n'kungokwera ina. Iye amasunga dzina lanu ndi nkhope yanu. Makampani a magemu anazindikira zimenezi kalekale. Amalanga akaunti, ndipo mlandu ukakula amalanganso chipangizo chenichenicho.

PUBG Mobile ikakugwirani mukubera imatha kutseka akaunti zaka 10. Garena, eni ake a Free Fire, amanena poyera kuti amatseka akaunti ya wobera pamodzi ndi foni imene ankaberapo. Pa Steam, sitolo ya magemu a pa kompyuta ya kampani ya Valve, chilango cha pulogalamu yogwira obera yotchedwa VAC n'chosatha, chimamatirira pa akaunti, ndipo Valve sachichotsa ngakhale mutalumbira kuti anali mng'ono wanu. Riot Games inabweretsa Vanguard, pulogalamu yogwira obera, pamodzi ndi gemu ya Valorant mu 2020, ndipo pulogalamu imeneyi imazindikira zida zam'kati mwa kompyuta, moti akaunti yatsopano pa kompyuta yomweyo imagwidwanso. Sony ndi Nintendo amatha kutseka makina enieniwo kuti asadzalowenso pa intaneti yawo. Xbox kuyambira mu Ogasiti 2023 imawerenga zolakwa za munthu, chilichonse chimakhala m'kaundula miyezi 6, ndipo zikakwana 8 munthu amakhala chaka chathunthu osasewera ndi anzake. Tandiuzeni, pa zonsezi IP yalowa pati?

Sindikunena kuti kutseka IP kulibe. Maseva (makompyuta amene gemu ya pa intaneti imayenderapo) ang'onoang'ono oyendetsedwa ndi anthu wamba, monga ena a Minecraft, amatsekabe IP chifukwa ndi chida chimene ali nacho pafupi. Zimachitikanso kuti pa Wi-Fi ya pa hositelo kapena pa ofesi wina wachita zachabe, nambala yonse n'kuda mbiri, inu wosalakwa n'kuvutikira limodzi. Koma kudziwa ngati vuto lanu ndi limeneli sikulira ndalama. Chokani pa Wi-Fi, lowani ndi data ya foni pa akaunti yomweyo. Ikalola, ndiye kuti simunabanidwe, yadetsedwa ndi netiweki ija, ndipo kauzeni woiyang'anira. Ikakana, uthenga n'kubwera womwewo wotchula akaunti yanu ndi tsiku limene chilango chidzathe, ndiye kuti nkhani ya IP yathera pomwepo. Chimene chimandipweteka n'choti anyamata ambiri uthengawo sauwerenga n'komwe. Amangoona zofiira pa sikirini n'kuthamangira kwa dobadoba.

VPN ndiye imangowonjezera moto. Dziko lathu lilibe nyanja yamchere, intaneti yathu imadutsa ku Mozambique kapena ku Tanzania kuti ikalumikizane ndi zingwe zapansi pa nyanja monga SEACOM ndi EASSy. Kuwala m'chingwe cha faiba kumayenda makilomita pafupifupi 200 pa milisekondi imodzi, ndipo palibe pulogalamu ingakufulumizitse. Mukauza VPN kuti ikaonekere ku London kenako ibwerere ku seva ya ku Johannesburg, mwadzitalikitsira njira nokha, ping (nthawi imene uthenga umatenga kupita ku seva ndi kubwerera) yakwera, mukuomberedwa musanaone mdani. Komanso manambala a ma VPN ndi odziwika, chifukwa amachokera m'nyumba za maseva osati m'makomo mwa anthu. Akaunti imene dzulo inali ku Malawi, m'mawa ku Germany, madzulo ku Singapore, imaoneka ngati yabedwa kapena ikugulitsidwa. Steam inalemba m'malamulo ake kuti kubisa dziko limene mumakhala n'koletsedwa. Ndipo kutsegula akaunti ina n'cholinga chozemba chilango ndi mlandu winanso paokha, umene umatha kusandutsa chilango cha masiku ochepa kukhala chamuyaya.

Za ma VPN aulere ndiye ndisayambe n'komwe. Mu Meyi 2024 akuluakulu a zamalamulo ku America anaphwasula gulu la makompyuta a anthu olamulidwa mobisa ndi akuba lotchedwa 911 S5, limene linakhudza ma IP oposa 19 miliyoni, ndipo njira imodzi imene linkafalira inali mapulogalamu a VPN aulere monga MaskVPN ndi DewVPN. Anthu ankaganiza kuti akubisa nambala yawo, pomwe nambala yawoyo inkabwerekedwa kwa akuba kuti azibera ena. Bandulo ndi yanu, mlandu ukuonekera pa netiweki yanu, phindu ndi la munthu wina.

Ndikafunsa kuti munachita chiyani kuti akubaneni, yankho limakhala limodzi: "Palibe, achimwene." Tikakhala pansi bwinobwino zimatuluka. APK (fayilo yoikira pulogalamu m'foni) yosinthidwa imene mnzake anamutumizira pa WhatsApp kuti aziona adani kuseri kwa khoma. Ma UC kapena ma diamond (ndalama za m'gemu) otchipa ogulidwa kwa munthu wa pa Facebook, amene nthawi zambiri amalipira ndi makadi a kubanki obedwa, mwini khadi akadandaula ndalama n'kubwezedwa, chilango n'kugwera akaunti imene inalandira katunduyo. Makoini a Ultimate Team a m'gemu ya mpira ogulidwa kumbali, amene kampani ya EA, eni ake a gemuyo, imaletsa. Kutukwana pa chat. Kubwereketsa akaunti kwa msuweni amene anaiseweretsa pa foni yodzaza ma hack. Ndipo chilango sichifika tsiku lomwelo nthawi zonse. VAC imachedwa dala masiku kapena masabata kuti opanga ma cheat asadziwe chimene chawagwiritsa. Ndiye mwana amati wabanidwa popanda chifukwa, chifukwa lero sanachite kanthu, waiwala za mwezi watha.

Pali nkhani ina imene imandivutitsabe mumtima. Mnyamata wa ku Ndirande, wa Fomu 3, ankasewera pa foni ya amayi ake, amene amagulitsa tomato ndi anyezi pamsika. Anapatsidwa chilango cha sabata imodzi chifukwa chotukwanizana ndi wina. Akanangokhala chete, Lolemba lotsatira akanalowa bwinobwino. Koma pa gulu lina la WhatsApp panali munthu wodzitcha katswiri wochotsa chilango, amene anamuuza kuti akachedwa akaunti ifufutidwa. Anamulipiritsa kandalama kochepa koyamba, kenako anamutumizira APK yoti "isinthe IP ndi IMEI". IMEI ndi nambala yozindikiritsa foni yeniyeniyo. Poiika, pulogalamuyo inapempha chilolezo chowerenga mauthenga ndi choona zonse za pa sikirini, mwanayo n'kumangodina kuvomera. Kenako katswiri uja anapempha imelo, pasiwedi, ndi manambala amene anabwera pa SMS, ati kuti alumikize seva.

Anafika kwa ine patapita masiku angapo, amayi ake ali pambuyo atamanga chitenje, m'manja atagwira kapepala kolembapo ndalama zimene zinasowa. Akaunti ya gemu inali itapita. Facebook ya mayiyo inali ikupempha ndalama kwa abale awo, ati adwala mwakayakaya. Mpamba wa geni umene unali m'foni unali utasesedwa. Foniyo ndinaiyatsa patebulo, ndinapeza kapulogalamu kopanda chithunzi, kadzina kooneka ngati ka kampani yopanga foniyo, kakuyendabe mwakachetechete. Mayiwo sanakalipe. Anangondifunsa kuti, "Bambo, ndiye mawa ndikapikula ndi chiyani?" Mnyamatayo anali atazolika, akung'amba pepala la simukhadi yatsopano imene anauzidwanso kuti agule. Foni ndinaiyeretsa, Facebook tinaibweza movutikira, koma ndalama ija sinabwerere. Chimene chimandiwawa kwambiri n'choti chilango chija chinali chitatha kale tsiku limene anabwera kwa ine. Mwanayo ankaopa kuuza amayi ake, ndipo masiku amene anakhala chetewo ndi amene wakubayo anadyerera.

Ndiye imvani bwino. Palibe munthu ku Limbe, ku Ndirande, pa Telegram kapena kwina kulikonse amene angachotse chilango chimene chili pa seva ya Tencent (imene imayendetsa PUBG Mobile), Garena, Sony kapena Valve. Chilangocho sichili m'foni mwanu, choncho kuifulasha foniyo sikuchikhudza. Wofulasha angokufufutirani zithunzi zanu. Woruta foni, kutanthauza wochotsa maloko a mapulogalamu ake am'kati, akupatsani vuto lina, chifukwa magemu ambiri ndi mapulogalamu a kubanki amakayikira foni yorutidwa. Wosintha IMEI akhoza kukusiyirani foni yosagwira netiweki. Ndipo aliyense wopempha pasiwedi kapena manambala a pa SMS ndi wakuba basi, ngakhale atakuonetsani zithunzi za anthu omuthokoza. Kampani ya gemu siipempha pasiwedi yanu, ndipo siilipiritsa munthu kuti imve dandaulo lake.

Khomo lenileni ndi limodzi, lodandaulira ku kampani yomweyo kudzera pa tsamba lake kapena m'gemu momwemo. Jambulani uthenga wa chilango tsiku lomwelo. Sungani ID ya akaunti ndi malisiti a Google Play kapena a sitolo imene munagulako zinthu, chifukwa ndi amene amasonyeza kuti akauntiyo ndi yanu. Lembani mwachidule, mwaulemu, zoona zokhazokha. Ngati akaunti inabedwa wina n'kuberapo, nenani msanga, musanayambe kulowa ndi ma VPN osiyanasiyana, chifukwa mukatero mumasokoneza umboni womwe ukanakuthandizani, woonetsa kuti inu mumalowera ku Malawi ndipo wakubayo analowera kwina. Musatumize madandaulo khumi tsiku limodzi. Ngati munaberadi, ndikuuzeni mosabisa kuti mwayi ndi wochepa kwambiri, ndipo ndalama imene mukufuna kupatsa dobadoba ndi bwino mugulire bandulo.

A malo osewerera magemu m'makwalalamu, inunso zikukukhudzani. PlayStation yogula kwa munthu kapena yobwera ndi amalonda ochokera ku Joni, musalipire musanailumikize pa intaneti n'kulowa ndi akaunti yanu pamaso pa wogulitsayo. Makina otsekedwa amayaka bwinobwino ndipo gemu ya pa disiki imasewereka, mumadzazindikira muli kunyumba. Wogulitsa akakuuzani kuti vuto ndi IP ya pamalopo, tulutsani foni yanu, tsegulani hotspot, muyesere pomwepo. Ndipo musalole kasitomala aliyense kulowetsa akaunti zogula kumbali pa makina amene mumadyerapo.

Makolo, mwana akakuuzani kuti anaika pulogalamu yochokera kwa munthu wosamudziwa kapena anapereka manambala a pa SMS, kukalipa kudikire. Zimitsani data ndi Wi-Fi nthawi yomweyo. Pogwiritsa ntchito foni ina, sinthani pasiwedi ya imelo poyamba, chifukwa ndi imene imatsegula zina zonse, kenako ya Facebook ndi ya gemu. Imbirani kampani ya foni ndi banki kuti atseke akaunti ya ndalama, musinthe PIN, ndipo chenjezani abale kuti asatumize kanthu. Kulowa m'foni kapena mu akaunti ya munthu popanda chilolezo ndi mlandu pansi pa lamulo la Electronic Transactions and Cyber Security Act la 2016, choncho pitani kupolisi ndi nambala ya wakubayo ndi mauthenga ake onse musanafufute chilichonse. Zonsezi zichitike tsiku lomwelo, osadikira kuti kuche kapena kuti Loweruka mudzapeze mpata wopita m'tauni.