Kukumba m'mbali mwa msewu: khonsolo imalipiritsiranji makampani a intaneti?

Aliyense woyenda mu Lilongwe, ku City Centre, Area 47 kapena Old Town, waziwonapo ngalande zazitali m'mbali mwa msewu, anyamata ali jijirijijiri ndi mapiki, pambali pali chimpukutu cha paipi yapulasitiki. M'paipi imeneyo ndimo mumadutsa fayiba, tinthambo tagalasi toonda ngati tsitsi tomwe timanyamula intaneti ndi mawu a pafoni. Piki isanagwe pansi, kampani imayenera kupempha chilolezo kwa mwini msewu n'kulipira. Chilolezo chimenechi ife amainjiniya timati wayleave, ndipo pa ndalama imeneyi makampani ndi makhonsolo sachedwa kukokanakokana.

Laisensi imene TNM, Airtel, MTL kapena Open Connect amatenga ku MACRA, bungwe loyang'anira zamafoni ndi mawayilesi, imawalola kugulitsa ntchito zamafoni ndi intaneti, koma siwapatsa msewu. Misewu yam'kati mwa mzinda ili m'manja mwa khonsolo, yomwe lamulo la maboma ang'ono la 1998 linaipatsa mphamvu yopanga malamulo ake ndi kutolera ndalama. Msewu waukulu ngati M1 ndi wa Roads Authority. Choncho nthambo imodzi yochoka ku Kanengo kupita ku Area 3 itha kufuna kugogoda pamakomo angapo, ndipo ikakwera pamapolo a magetsi, lendi imapita ku ESCOM.

Ine ndili kumbali ya khonsolo pa mfundo imodzi: wokumba alipire. Ngalande ya fayiba imazama pafupifupi mita imodzi. Pansi timayala mchenga, kenako paipi, pamwamba pake kansalu kapulasitiki kochenjeza amene adzakumbe mtsogolo. Pokwirira, dothi liyenera kubwezedwa pang'onopang'ono, kulinyowetsa ndi kulitsendera ndi makina gawo lililonse. Kontirakitala wothamangira malipiro amangokankhira dothi lonse kamodzi, kupondaponda ndi nsapato, basi wapita. M'chilimwe simungaone vuto. Mvula ya Disembala ikangogwa dothi lija limatitimira, madzi amalowa pansi pa phula, m'mphepete mwa msewu mumayamba kunyenyeka, pofika Febuluwale pali dzenje loti minibasi zikulizemba. Pamene adula phula modutsa msewu m'malo moboola pansi ndi makina ndiye zimanyanya: chigamba chija chimasanduka kamzere kotsika kamene galimoto iliyonse imagundapo. Wokonza ndani? Khonsolo, ndi ndalama za masiteleti anu ndi anga, msonkho wa nyumba umene timapereka ku khonsolo. Onjezanipo mapaipi a Lilongwe Water Board amene piki imaboola, anthu n'kugona ndi mipopi youma.

Ndiye pali ndalama zomveka: yowunikira mapulani, yolipira injiniya woyendera ntchito, ndi chikole chimene kampani imasiya kuti ikalephera kubwezeretsa msewu bwino, khonsolo ikonze yokha. Chikolecho, mwa kuona kwanga, chisamabwezedwe mpaka ngalandeyo itapirira dzinja lathunthu.

Pomwe ndimasiyana ndi makhonsolo ndi pamene chilolezo chasanduka msonkho wamba, wowerengera mita iliyonse chaka ndi chaka, osayang'ana ngati msewu wawonongeka kapena ayi. Chiyeso chake n'chomveka. Khonsolo ili ndi zinyalala zoti ichotse, magetsi amumsewu oti ayake, pamene eni nyumba ambiri salipira masiteleti, ndipo kampani yamafoni sithawa, ofesi yake ikudziwika. Koma kampani siilira ndi ndalama imeneyi. Imaiponya mu mtengo wa bandulo, wolipira n'kukhala mayi wogulitsa tomato ku msika wa Tsoka amene amalandira maoda pa WhatsApp.

Vuto lachiwiri n'lobisika kwambiri. Kampani isanakumbe imawerengera kuti mita iliyonse ibweza zingati. Ku City Centre ndi ku Capital Hill kuli mabanki, maofesi a boma ndi akazembe, mtengo uliwonse angaupirire. Ku Area 25, Chinsapo kapena Mtandire anthu ndi ochuluka koma aliyense amagula pang'ono, ndiye mtengo wa pa mita ukakwera nthambo imathera panjira. Nsanja zamafoni za kumeneko zimatsala zikudalira mawayilesi olumikiza nsanja ndi nsanja, amene sanyamula katundu wofanana ndi fayiba. N'chifukwa chake madzulo, aliyense akatsegula foni, netiweki imaonetsa timizere tonse koma kanema osayenda.

Tisaiwalenso kuti Malawi alibe nyanja yamchere. Nthambo zikuluzikulu zapansi pa nyanja, monga SEACOM ya 2009 ndi EASSy ya 2010, zimatulukira ku Dar es Salaam ndi ku Maputo. Intaneti yathu imafika italipira kale njira m'maiko a eni, isanakumane n'komwe ndi mitengo ya kuno kwathu.

Chimene makampani amadandaula nacho kwambiri tikakhala pansi sikukula kwa ndalama kokha ayi, koma kusadziwiratu. Mtengo wolembedwa poyera, wofanana kwa kampani yaikulu ndi yaing'ono, wokhala ndi masiku odziwika oyankhira pempho, munthu amauika mu bajeti. Wokambirana m'kaofesi, wosintha malinga ndi amene wabwera, umachedwetsa ntchito komanso umatsegula khomo la ziphuphu.

Njira ina yopezera ndalama ilipo, ndipo siifuna kudula phula kawirikawiri. Pomanga kapena pokuza msewu, monga zachitikira pa Kenyatta ndi Mzimba, ngalande zimakhala zili kale chotsegula. Kuikiratu mapaipi opanda kanthu nthawi imeneyo n'kotchipa poyerekeza ndi kudzakumba phula litauma. Mwini msewu akhoza kubwereketsa mapaipiwo, kampani n'kungobwera ndi makina ouzira nthambo kuchokera pa manihole (maenje ovundikira ofikira mapaipiwo) ena kufika pa ena. Lendi yotere ili ndi chifukwa, poti khonsolo yabwereketsa chinthu chimene inamanga. Chofunika china ndi mapu: aliyense wolandira chilolezo azisiya chojambula cha pomwe nthambo yake yadutsadi, osati pomwe ankafuna kuti idutse, kuti a madzi, a magetsi ndi a misewu asamaidziwe ataidula kale.