Lekani kugwetsa nkhumba ndi zingwe powenga ziboda

Alimi anzanga a ku Linthipe, Bembeke mpaka ku Lizulu, ndatopa nako kuitanidwa nkhumba itasiya kale kuimirira. Mumandiuza kuti yayamba kutsimphina dzana, koma ziboda zatalika mpaka kupindikira m'mwamba, zang'ambika, pakati pake mafinya. Zimenezo sizichitika m'masiku awiri. M'khola la matope chiboda chimangokula n'kufewa, pomwe simenti yokhakhala imachipala mpaka magazi. Nkhumba yodya madeya okhaokha ndiye ziboda zake sizichedwa kung'aluka.

Mumazengereza chifukwa nkhumbayo simungaigwire phazi, ndipo simungaigwire chifukwa simunaizoloweze. Yambani ikadali kamwana. Ikamadya muziikanda kuseri kwa khutu, kenako pamimba. Nkhumba yokandidwa pamimba imagona yokha chammbali n'kutambasula miyendo. Apo musathamangire mpeni. Masiku oyamba ingogwirani mwendo n'kusiya, n'kuipatsa kachidutswa ka mbatata nthawi yomweyo. Ikazolowera, kwezani phazi pang'ono, gogodani chiboda ndi chala, chowengeracho ichione, ichinunkhize. Ikadzambatuka ilekeni ipite, mudzayesenso mawa. Tsiku lowenga, phazi limodzi lakwana, ndipo muzichotsa pang'onopang'ono chifukwa m'kati mwa chiboda muli mnofu wamoyo. Tiziboda tiwiri takumbuyo tija musatiiwale, tikatalika timakola pansi n'kuthyoka.

Imene imandiwawabe mumtima ndi nkhumba ina ya bere ku Golomoti, mwezi wa Okutobala, itatsala pang'ono kukwanitsa masiku ake 114. Munthu wina wodzitcha dokotala, wa aja oyenda ndi chikwama cha majakisoni panjinga, anaitana amuna anayi, n'kuimanga masana dzuwa likuswa mtengo. Anaidula ziboda ndi chikwanje, pabalapo n'kuthira oilo wakutha wa galimoto. Nkhumba situluka thukuta loti n'kuziziritsa thupi, ndiye kulimbana nayo pa kutentha kotero n'kuipha. Inapoloza usiku womwewo, mwendo unatupa, siinadzukenso. Mayi mwini wake anali atawerengera tianato pa fizi ya mwana wa kusekondale, ndipo mayiyo anali atalipira kale munthu uja.

Komanso si kutsimphina konse kumene kumafuna chowengera. Mukaona matuza pamphuno ndi m'mphepete mwa ziboda, akhoza kukhala matenda a zilonda za m'kamwa ndi m'mapazi. Nkhumba zingapo zikafooka pamodzi, thupi kutentha, makutu ndi mimba kufiira, ganizirani chigodola, chimene chilibe mankhwala ngakhale wina akulonjezeni jakisoni wotani. Musaiphe mwachinsinsi n'kukagulitsa nyama pamsika. Tsekani khola, itanani alangizi a ziweto a boma tsiku lomwelo, ndipo wa panjinga uja asapondemo, chifukwa singano yake ndi nsapato zake zachokera m'khola la munthu wina m'mawa womwewo.