Buku la Mahfouz lomwe linadikira zaka 47

Mu 1959 nyuzipepala ya Al-Ahram ku Cairo inayamba kusindikiza chigawochigawo nthano ya Naguib Mahfouz, mlembi wa ku Egypt, yotchedwa Awlad Haratina. Nkhani yake ndi ya nkhalamba yolemera, Gebelawi, yomwe inadzitsekera m'chinyumba chake, kunja zidzukulu zake zikuzunzidwa ndi anyamata azibonga. Mwana wake Adham apirikitsidwa m'munda, kenako kudzuka Gabal, Rifaa ndi Qasim kudzawombola anthu. Owerenga sanachedwe kuonamo Adamu, Mose, Yesu ndi Muhammad. Chomwe chinautsa mapiri pachigwa n'chakuti kumapeto Gebelawi amwalira, ndipo ambiri anamva ngati mlembiyo wapha Mulungu.

Mashehe a ku Al-Azhar, likulu la maphunziro a Chisilamu ku Cairo, anakwiya. Mkonzi wa nyuzipepalayo, Mohamed Hassanein Heikal, analimba mtima n'kusindikiza mpaka chigawo chomaliza, koma nthanoyo sinaloledwe kutuluka ngati buku m'dziko la Egypt. Inakatulukira ku Beirut mu 1967, n'kumalowa kwawo mozembetsa.

Nkhaniyo inagona zaka zambiri. Inadzukanso Mahfouz atalandira mphoto ya Nobel mu 1988, munthu woyamba wolemba m'Chiarabu kuilandira, ndiponso Ayatollah Khomeini, mtsogoleri wa dziko la Iran, atalamula mu 1989 kuti mlembi Salman Rushdie aphedwe chifukwa cha buku lake lotchedwa The Satanic Verses. Shehe Omar Abdel-Rahman ananena kuti Mahfouz akadalangidwa kalelo, Rushdie sakadayerekeza n'komwe. Pa 14 October 1994 mnyamata wina anabaya Mahfouz mpeni pakhosi kunja kwa nyumba yake. Gogoyo anali ndi zaka 82. Anapulumuka, koma dzanja lamanja, lomwe ankalembera, linafooka. Wobayayo anavomera kuti bukulo sanaliwerengepo.

Apa ndiye pamene ine ndimakanda mutu. Atachira, anthu anamukakamiza kuti tsopano alitulutse kwawo, pofuna kuonetsa kuti mpeni sunapambane. Mwiniwake anakana, ati pokhapokha a Al-Azhar avomereze. Ena ankati ndi mantha. Sindikugwirizana nawo, poti uyu ndi munthu yemwe anatsutsa poyera lamulo la Khomeini lija, ngakhale ankaona kuti buku la Rushdie n'lonyoza Chisilamu. Iye ankadziona Msilamu wosamvetsedwa, ndipo ankafuna kuti omwe anamuweruza aja awerengenso.

Anamwalira pa 30 August 2006. Bukulo linatuluka ku Cairo kumapeto kwa chaka chomwecho, iye ali kale m'manda.