Kalendala ya dziko lopeka imayambira kumwamba

Olemba nkhani zopeka ambiri akafuna kupangira dziko lawo kalendala amathamangira kupeka mayina a miyezi. Mayina ndi ntchito yomalizira. Choyambirira ndi manambala awiri: masiku amene dzikolo limatenga kuzungulira dzuwa lake, ndi masiku amene amapita kuchokera pamene mwezi wakhala wathunthu kufikira utakhalanso wathunthu. Padziko lathu lino manambalawo ndi 365.2422 ndi 29.53. Onse ali ndi kachidutswa kotsala, ndipo sagawana bwino. Kalendala iliyonse imene anthu anapangapo ndi njira yolimbana ndi tizidutswa timeneti.

Anthu a ku Egypt wakale anasankha miyezi 12 ya masiku 30, n'kuwonjezera masiku asanu kumapeto. Kachidutswa kotsalako sanakasamale, choncho kalendala yawo inkasiyana ndi nyengo ndi tsiku limodzi pa zaka zinayi zilizonse. Kalendala ya Chisilamu imatsatira mwezi wokha: miyezi 12 imakwana masiku 354 kapena 355, motero Ramadan imabwera msanga ndi masiku pafupifupi 11 chaka chilichonse. Ayuda amawonjezera mwezi wathunthu kasanu ndi kawiri pa zaka 19, chifukwa zaka 19 zimangotsala pang'ono kufanana ndendende ndi miyezi 235. Julius Caesar anati chaka ndi masiku 365.25, koma anapitirira ndi mphindi 11 pachaka. Mphindizo zinaunjikana mpaka Papa Gregory XIII anachotsa masiku 10 mu 1582, anthu n'kugona pa 4 Okutobala kudzuka pa 15.

Tiyeni tipange yathu. Tinene kuti chaka cha dziko lanu ndi masiku 402.3, ndipo mwezi wake ndi masiku 31.5. Miyezi 12 ikupereka masiku 378, kuperewera ndi 24.3, miyezi 13 ikupereka 409.5, kupitirira ndi 7.2. Apa muyenera kusankha chimene anthu anu amasamala kwambiri. Alimi amatsatira dzuwa chifukwa ndilo limabweretsa nyengo. Oyenda panyanja yaikulu amayang'ana mwezi chifukwa cha mafunde okwera ndi kutsika.

Ngati mwasankha dzuwa, njira yosavuta ndi miyezi 10 ya masiku 40, kuwonjezera masiku awiri a chikondwerero omwe sali m'mwezi uliwonse. Akwana 402. Kachidutswa ka 0.3 kamapanga masiku atatu pa zaka khumi, ndiye ikani tsiku lowonjezera m'chaka chachinayi, chachisanu ndi chiwiri ndi chakhumi. Mukakaiwala, pakatha zaka 100 chikondwerero chodzala mbewu chidzakhala chitasuntha ndi masiku 30. Ndipo kuiwalako mutha kukuchita dala, chifukwa ansembe oumirira kalendala yakale pamene mbewu zikufota m'minda ndi nkhani yokwanira buku lonse. Chofunika n'chakuti inu wolemba mudziwe kuti ndi masiku angati.

Sabata ya masiku asanu ndi atatu imalowa kasanu m'mwezi wa masiku 40. Masiku achikondwerero aja, pamodzi ndi tsiku lowonjezera lija, mukawasiya kunja kwa sabata, deti lililonse lizigwera tsiku lomwelo chaka ndi chaka, zomwe zimapeputsa ntchito kwambiri. Musatalikitse sabata mosaganizira ogwira ntchito: France inayesa ya masiku khumi kuyambira 1793, anthu sanakonde kupuma kamodzi pa masiku khumi, ndipo kalendala yonseyo inathetsedwa pofika 1806.

Miyezi iwiri kumwamba ndi pamene ambiri amagwa. Wachiwiri ukhale wa masiku 18. Iwiriyi izikumana mbali imodzi ya thambo masiku 42 alionse, koma kuti yonse ikhale yathunthu usiku umodzi pamafunika masiku 126, chifukwa 31.5 kanayi ndi 126, ndipo 18 kasanu ndi kawiri ndi 126 yomweyo. Usiku umenewo mafunde a m'nyanja amakhala aakulu koposa, ndipo mlenje safuna muuni. Musaubweretse m'mutu uliwonse wa buku pongofuna kukometsa nkhani. Owerenga atcheru amawerengera masiku.

Zaka za anthu nazo zimasokoneza. Mnyamata wa zaka 18 m'dziko lanulo wakhala masiku oposa 7,240, kutanthauza kuti kuno akuyandikira zaka 20, ngati tsiku lawo n'lotalika ngati lathu. Ganiziraninso poyambira kuwerenga zaka. Kalendala ya Gregory ilibe chaka cha 0, ndipo yanu ikakhala yotero, kuwerenga zaka zodutsa poyambirapo kumafuna kuchotsa chimodzi.

Chida chimene chingakupulumutseni n'chimene akatswiri a zakuthambo amagwiritsa ntchito: kupatsa tsiku lililonse nambala yake motsatizana, osasamala mwezi kapena chaka. Tsegulani tebulo pakompyuta. Mzere woyamba ukhale nambala ya tsiku, wachiwiri deti la kalendala yanu, wachitatu ndi wachinayi maonekedwe a miyezi iwiri ija, wachisanu zochitika m'nkhani. Ngati mwayamba kuwerenga ndi 0 pa usiku umene mwezi waukulu unali wathunthu, gawani nambala ya tsiku ndi 31.5, chotsala chikakhala 0, mwezi waukulu ndi wathunthu, chikayandikira 16, usikuwo ndi wamdima bii pokhapokha waung'ono uja utatuluka. Ufumu wachiwiri ukakhala ndi kalendala yakeyake, mungowonjezera mzere wina pa nambala zomwezo.