Mtambo wada bii, nanga mvula yapita kuti?

Novembala akafika kuno ku Nkhotakota, mtambo umada cha kumapiri a Ntchisi, mabingu n'kugunda, koma pansi osadontha kanthu. Pamenepo ndi pomwe ena amayamba kunong'ona kuti agogo akutiakuti amanga mvula. Bodza limeneli lazunzitsa okalamba osalakwa, pomwe chifukwa chenicheni chili mumlengalenga.

Dzuwa likaswa mtengo, madzi a m'nyanja, a ku Chia ndi a m'madambo amasanduka nthunzi yosaoneka ndi maso. Mpweya wotentha umapepuka n'kukwera nayo. Kumwamba kumazizira ndi madigiri pafupifupi 6 ndi theka pa kilomita iliyonse, choncho nthunzi ija imagwirana pa tifumbi ndi utsi n'kukhala timadontho, monga zimachitikira kunsi kwa chivundikiro cha mphika. Timadontho timeneti ndiye mtambo.

Koma mtambo si mvula ayi. Kadontho ka mumtambo n'kakang'ono zedi, pafupifupi mamilimita 0.02, ndipo mpweya wokwera umangokanyamula. Kuti papangike dontho limodzi la mvula la mamilimita 2, pamafunika timadontho pafupifupi miliyoni imodzi. Tokulirapo timagwa mofulumira, n'kumagunda ndi kumeza tinzake m'njira. Mtambo wopyapyala supereka mpata woti zimenezi zitheke.

Mitambo yaitali ya mabingu imapitirira makilomita 10. Kuyambira cha pa makilomita 5 kumazizira mpaka madzi kuundana, motero mvula yambiri yamphamvu imayamba ngati chipale chofewa (madzi oundana), n'kusungunuka potsika. Kumayiko ozizira chipale chofewacho chimafika pansi chisanasungunuke. Kuno kutentha sikulola. Matalala okha ndiwo amapulumuka. Mphepo yamphamvu yokwera imasunga kambulu ka ayezi m'mwamba, madzi n'kumaundana pamwamba pake mpaka kulemera. Mukaswa talala limodzi lalikulu mudzaona mizere yozungulira mkati, kusonyeza mmene linakulira.

Tsono chimalakwika n'chiyani mu Okutobala ndi Novembala? Mpweya wa pansi umakhala wotentha ndi wouma kwambiri. Madontho amatuluka ndithu mumtambo, koma amauma asanafike pansi. Yang'anitsitsani: mudzaona mizere yotuwa ikulendewera kunsi kwa mtambo n'kuthera m'malere. Chofika kwa ife ndi chimphepo chozizira cha fumbi, chija chimasasula madenga. Komanso mtambo umodzi wa mabingu umangokuta makilomita ochepa, n'chifukwa chake ku Dwangwa kumavumba pa boma pali gwaa. Mvula yodalirika imadikira mpweya wachinyezi wochokera ku Congo ndi kukumana kwa mphepo zakumpoto ndi zakummwera pamwamba pa dziko lathu, makamaka kuyambira Disembala.

Mlimi asanyengedwe ndi chizimalupsa. Tengani chitini chowongoka, chofanana kukamwa ndi pansi, muchikhazike chilili pamtetete, kutali ndi mitengo ndi denga. M'mawa uliwonse, nthawi imodzimodzi, pimani kuya kwa madzi ndi rula, lembani, ndipo khuthulani. Chitini chotambasuka kukamwa ngati beseni chimanamiza, chimaonetsa mvula yochuluka. Milimita imodzi ndi lita imodzi pamalo a mita imodzi mulitali ndi mulifupi, kapena malita 10,000 pa hekitala. Mvula ya mamilimita 5 imangonyowetsa pamwamba: mbewu imafufuma, dzuwa likabwerera n'kufera m'nthaka. Musanadzale kumbani pamzere ndi khasu, muone ngati chinyezi chalowa kupitirira pomwe mbewu idzagone.