Solomon Juneau ndi milatho yokhota ya ku Milwaukee

Ku Milwaukee, m'boma la Wisconsin ku America, milatho ina ya pakati pa tawuni imawoloka mtsinje mopendekeka ngati omanga ake anali ataledzera. Si mowa ayi, ndi mkangano wa azibambo awiri ogulitsa mapuloti.

Mmodzi anali Solomon Juneau, wobadwira ku Quebec mu 1793. Anafika pamalopa mu 1818 kulibe tawuni, kuli madambo ndi midzi ya eni nthaka basi, nkuyamba ntchito kwa Jacques Vieau yogula zikopa za nyama. Mu 1820 anakwatira mwana wa bwana wakeyo, Josette, yemwe anali ndi magazi a mtundu wa eni nthaka wa Menominee, ndiye mukuona kale kuti malonda amayenda pachibale. Zikopa zitayamba kuchepa mkuluyu anaona kuti ndalama yasamukira ku malo, anagwirizana ndi loya wina, Morgan Martin, nkudula mapuloti kummawa kwa mtsinje, dera lake nkumatchedwa Juneautown. Positimasitala woyamba anali iyeyo, nyuzipepala ya Milwaukee Sentinel mu 1837 anaikamonso ndalama ndi iyeyo.

Tsidya linalo kunali Byron Kilbourn, munthu wovuta heavy. Iyeyu podula misewu yake anachita dala kuti isayang'anizane ndi ya Juneau, cholinga ogula asamawolokere kwa mnzake. Milatho itamangidwa mkangano unakula pa nkhani ya ndani alipire, komanso akumadzulo ankati ikutchinga maboti awo. Mu May 1845 anthu a Kilbourn anagwetsa mbali ya mlatho wa Chestnut Street, akummawa nawo kubwezera, kuphwanya wa Spring Street mpaka kukoka mzinga kuloza tsidya lija. Mwamwayi palibe anafa.

Manyazi a zimenezi ndi amene anawakakamiza kugwirizana, pa 31 January 1846 mbali zonse zinakhala mzinda umodzi ndipo meya woyamba anali Juneau. Koma umeyawo unamupeza thumba litabooka kale, mavuto a zachuma a 1837 anamusiya ndi ngongole. Mu 1848, chaka chomwe Kilbourn anakhala meya, iye anasamukira kumudzi umene anautcha Theresa, dzina la mayi ake, nkubwerera ku malonda ake akale ndi a Menominee. Anamwalira mu November 1856 ali kwa a Menominee ku Keshena, patangotha chaka Josette atatsogola.