Zidzolo zoyabwa zochokera ku nkhono zam'matope a kunyanja yamchere

M'magombe ambiri a nyanja zamchere madzi sakhazikika. Kawiri pa tsiku amakwera n'kumiza gombe, kenako amaphwa n'kusiya chidikha cha matope chokhala ndi timaiwe tosazama. Nthawi imeneyi ndi imene ana amathamangira kukasewera, asodzi amakumba nyambo, ena amatola zamoyo zam'zigoba. Ena mwa iwo amachokako miyendo ikunyerenyesa, ndipo pofika m'mawa yatuluka tiziphuphu tofiira toyabwa mosagonetsa tulo. Madokotala amawatcha matendawa cercarial dermatitis, ndipo amayamba ndi tinyongolotsi ting'onoting'ono totuluka mu nkhono zam'matope. Sapha munthu, koma amavutitsa, ndipo amene amadziwa khalidwe la nkhono zam'matope angathe kuwazemba.

Nkhono zake n'zotani?

Yodziwika kwambiri pankhaniyi ndi Ilyanassa obsoleta, yomwe kwawo n'kugombe la kum'mawa kwa North America, kuyambira ku Canada kutsikira kumwera kwa United States. Ndi yaing'ono, ya masentimita 2 mpaka 3. Chigoba chake n'chakuda, nthawi zambiri chokutidwa ndi matope ndi ndere, nsonga yake yoperepeseka. Mukaima chapatali mungaganize kuti ndi timiyala tomwazika. Mukawerama mudzaona timizere tambirimbiri pamatope, ndipo kumapeto kwa kamzere kalikonse kuli nkhono ikukwawa, itatukula kachitamba kake komwe imanunkhizira madzi.

Chakudya chake chachikulu ndi ndere zosaoneka ndi maso zomwe zimamera pamwamba pa matope, pamodzi ndi zinyalala zowola. Koma pakagwa nsomba kapena nkhanu yakufa, fungo limaziitana kuchokera mbali zonse mpaka nyamayo imakwiririka ndi zigoba. Zimatsatanso mamina omwe inzawo yasiya pokwawa, n'chifukwa chake sizipezeka imodziimodzi koma m'magulu othithikana. Madzi akaphwa dzuwa lili phwee, zina zimadzikwirira m'matope, zina zimasonkhana m'timaiwe totsalira. Nyengo yozizira zimatsikira kumadzi akuya, kukafunda n'kubwereranso kumtunda.

Magombe ena ali ndi nkhono zawo. Ku Australia kuli Batillaria australis ya chigoba chosongoka, yomwe imasunga kanyongolotsi kotchedwa Austrobilharzia terrigalensis. Ku Europe kuli Peringia ulvae, kankhono ka mamilimita pafupifupi 6, komwe kamachuluka mpaka masauzande pamalo a mita imodzi mbali zonse, ndipo mbalame zambiri zam'gombe zimadalira ikoko pa chakudya. Si nkhono iliyonse yam'matope imene imayambitsa zidzolo, ndipo ngakhale pamtundu umene umatero, zodwala zimakhala zochepa pagulu. Vuto n'lakuti nkhono imodzi yodwala imatulutsa tinyongolotsi tambirimbiri.

Ilyanassa obsoleta inafikanso kugombe la kumadzulo kwa America. Inaoneka ku San Francisco Bay mu 1907, itabwera pamodzi ndi ma oyster, zamoyo zam'zigoba zodyedwa, omwe anthu ankasamutsa kuchokera ku Atlantic kuti akawete, ndipo kanyongolotsi kake kanadzapezekanso komweko.

Mmene kanyongolotsi kamafikira pakhungu

Mwini weniweni wa nyongolotsizi ndi mbalame, osati munthu. Nyongolotsi zikuluzikulu zimakhala m'mitsempha ya magazi ya abakha am'tchire, mbalame za mtundu wa gull ndi zina zodya m'gombe. Mazira ake amatuluka ndi zitosi. Akagwera m'madzi amaswa, ndipo kamphutsi kotulukamo kamasambira kufunafuna nkhono ya mtundu woyenera. Kakalowa kamachulukana m'kati mwa nkhonoyo, kamadya ziwalo zake zoberekera mpaka nkhonoyo imasiya kubala, koma siifa msanga. Imapitiriza kukwawa ndi kudya, uku ikutulutsira m'madzi tinyongolotsi ta michira tosakwana milimita imodzi. Mu Ilyanassa obsoleta, mtundu wake umatchedwa Austrobilharzia variglandis.

Tinyongolotsiti tili ndi nthawi yochepa, pafupifupi tsiku limodzi, yoti tipeze mwendo wa mbalame. Timayandama chapamwamba pa madzi, ndipo mphepo ndi mafunde zimatikankhira kumtunda, kosazama, komwe ana amakonda kukhala. Tikakumana ndi khungu la munthu timaboola chimodzimodzi, koma thupi la munthu si malo ake. Timafera pakhungu pomwepo. Kuyabwa ndi kutupa kuja ndi thupi lanu likulimbana ndi kanthu kachilendo komwe kalowa.

Amene anasonyeza koyamba kuti zidzolo za osambira zimachokera ku tinyongolotsi ta mbalame ndi William Cort, mu 1928, ku Douglas Lake m'chigawo cha Michigan, ku United States. Amenewo anali madzi opanda mchere. Pambuyo pake zinadziwika kuti zomwezo zimachitika kunyanja yamchere. Mu 1991 gulu la ana asukulu omwe anakayenda m'madzi osazama ku Cape Henlopen, m'chigawo cha Delaware ku United States komweko, linatuluka zidzolo, ndipo ofufuza anapeza tinyongolotsiti mu nkhono zam'matope za pamalopo.

Zizindikiro

Poyamba khungu limanyerenyesa kapena kutentha, mwina mukadali m'madzi kapena mutangotuluka. Kenako zimakhala ngati zatha. Pasanathe maola 12 pamatuluka tiziphuphu tofiira, kalikonse pamalo pomwe kanyongolotsi kanalowera, ndipo tina timasanduka timatuza. Kuyabwa kumakula m'masiku awiri kapena atatu oyamba, n'kumachepa pang'onopang'ono kwa sabata imodzi kapena kuposerapo.

Yang'anani pomwe zidzolozo zatulukira. Zimakonda khungu lomwe linali pamtunda ndipo linakhudza madzi: akakolo, akatumba, manja mpaka m'zigongono. Kawirikawiri zimalekezera ndendende pomwe madzi analekezera. Zidzolo zotuluka m'kati mwa chovala chosambira nthawi zambiri zimakhala ndi gwero lina.

Matendawa sapatsirana. Mwana amene ali nawo angathe kugona ndi anzake, kudya nawo ndi kupita kusukulu. Komanso thupi silizolowera. Munthu akagwidwa kachiwiri kapena kachitatu, zidzolo zimabwera msanga ndiponso mwamphamvu kuposa poyamba. Asodzi ndi okumba m'matope amene amati anazolowera kale ndi amene ayenera kusamala koposa.

Chisamaliro pakhomo

Ambiri amachira okha osapita kuchipatala. Ikani nsalu yonyowa ndi madzi ozizira pamalo poyabwa. Pakani calamine kapena mafuta a hydrocortisone. Soda wophikira wosakaniza ndi madzi pang'ono mpaka akhale ngati phala amathandizanso kuziziritsa. Ngati kuyabwa kukulepheretsa tulo, mapiritsi a antihistamine amachepetsa, koma kwa mwana wamng'ono kapena mayi woyembekezera funsani kaye wazaumoyo.

Chovuta kwambiri n'kusakanda, makamaka kwa mwana. Makolo, muwengereni zikhadabo, musambitseni ndi sopo, ndipo usiku muvekeni zovala zopepuka zophimba miyendo. Kukanda ndi kumene kumasandutsa zidzolo wamba kukhala zilonda, chifukwa kumatsegulira njira mabakiteriya. Pitani kuchipatala ngati pakutuluka mafinya, ngati kufiira kukufalikira ndipo pakutentha ndi kupweteka, ngati thupi latentha, kapena ngati patha masabata awiri osasintha.

Apa pali chenjezo limene sitikufuna kuti mulidumphe. Musabwerere m'madzi amchere ofunda muli ndi zilonda zokanda kapena bala lochekedwa ndi chigoba. M'madzi otere, makamaka pomwe mtsinje umathirira m'nyanja, mumakhala bakiteriya wotchedwa Vibrio vulnificus yemwe amalowera pabala. Sagwira anthu ambiri, koma akagwira amawononga mnofu mofulumira ndipo angathe kupha m'masiku ochepa. Odwala chiwindi, odwala shuga ndi onse amene chitetezo cha m'thupi chili chofooka ndiwo ali pangozi yaikulu. Bala lomwe lakhudza madzi am'nyanja likayamba kutupa msanga, kupweteka kwambiri kapena kuchita matuza akuda, musadikire kuti kuche.

Kupewa

Mukaona nkhono zathithikana m'kaiwe kofunda ndipo pafupi pali mbalame zambiri ndi zitosi, musaimemo nthawi yaitali, ndipo mwana asakhale pansi m'menemo. Ngozi imakula m'miyezi yotentha komanso tsiku lomwe mphepo ikuomba kuchokera kunyanja kubwera kumtunda. Ogwira ntchito m'matope avale majombo ndi magolovesi aatali. Mukangotuluka, dzipukuteni mwamphamvu ndi thawulo m'malo mosiya madzi kuti aume okha pathupi, ndipo ngati pali madzi abwino sambani. Kupukuta sikuchotsa tomwe talowa kale, koma kumachepetsa totsalira pakhungu. Musamadyetse mbalame pamalo osambira, chifukwa mukaziunjika pamodzi mukuunjikanso mazira a nyongolotsi. Mukaona anthu angapo atuluka zidzolo atachokera pagombe limodzi, dziwitsani azaumoyo a m'deralo kuti achenjeze ena.

Ena amaganiza zothira mankhwala kuti nkhono zonse zife. Ife sitikulimbikitsa zimenezo. Madzi okwera ndi kuphwa amamwaza mankhwalawo n'kupha nsomba zazing'ono, nkhanu ndi zamoyo zina, pamene nkhono zimabwereranso ndipo mbalame zimabweretsa mazira atsopano. Nkhonozi zimagwiranso ntchito yotembenuza matope ndi kuyeretsa gombe podya zakufa.

Kodi ndi likodzo?

Ayi, ngakhale nyongolotsi zake ndi zapachibale. Likodzo limachokera ku nyongolotsi za mtundu wa Schistosoma zomwe zimakulira mwa munthu, ndipo zimadutsira mu nkhono zam'madzi opanda mchere, monga Bulinus ndi Biomphalaria. Nkhono zam'matope a kunyanja yamchere sizifalitsa likodzo, choncho zidzolo zochokera kumeneko sizifuna praziquantel, mankhwala a likodzo. Koma ngati khungu layabwa mutasamba kapena kuchapa mumtsinje, padamu kapena m'nyanja yopanda mchere m'dera lomwe kuli likodzo, nkhani yake ndi ina. Kuyabwako kungakhale chizindikiro choyamba chakuti nyongolotsi zalowa ndipo zikupitirira m'magazi. Kauzeni azaumoyo malo ndi tsiku lomwe munalowa m'madzimo, ndipo adzakuuzani nthawi yoyenera kuyezetsa, chifukwa mazira saoneka mumkodzo kapena m'chimbudzi mpaka patadutsa masabata angapo.